Ndemanga: Wogwira kamera naye ali ndi dzina

Filimu ikangotha, pakanema pamayamba kukwera mayina. Nthawi imeneyi m'nyumba zoonetsera kanema za m'misika anthu amakhala atayamba kale kudzuka pamabenchi, mwini wake akusakasaka filimu ina, ndipo kunyumba wina amakhala atagwira kale rimoti. Akafunsidwa mawa lake, onse atchula katswiri yemwe amathidzimula adani, ochepa atchula yemwe adatsogolera filimuyo, koma sapezeka wotchula munthu yemwe adagwira kamera. Chikhalirecho chilichonse chomwe maso awo adaona kwa maola awiri chidayamba chadutsa m'diso la munthu ameneyu. Ndiye adasankha poima, ndiye adayeza kuwala, ndiye adayandikitsa nkhope ina n'kusiya ina kumbuyo ngati chithunzithunzi.

Chizolowezi chodumpha dzinali n'cholakwika pawiri. Chimamana mmisiri ulemu womuyenera, komanso chimamupulumutsa ku mafunso okhudza zomwe adasankha kuonetsa ndi zomwe adasiya kunja. Mbiri ya Raoul Coutard, mkulu wa ku France yemwe adajambula mafilimu oposa 70, ili ndi mbali ziwiri zonsezi.

Coutard adabadwira mumzinda wa Paris pa 16 September 1924. Ali mnyamata ankafuna kuphunzira sayansi ya chemistry, koma fizi idavuta, ndipo adatembenukira ku ntchito yojambula zithunzi. M'chaka cha 1945 adalowa usilikali n'kutumizidwa ku Indochina, dera lomwe lero kuli mayiko a Vietnam, Laos ndi Cambodia, pa nthawiyo lili m'manja mwa atsamunda a ku France. Kumeneko adathako zaka pafupifupi 11, poyamba ngati msilikali, kenaka ngati wojambula zithunzi za nkhondo zomwe zinkatuluka m'magazini monga Paris Match. Izi zisabisidwe: sukulu yake ya kamera idali nkhondo ya atsamunda, ndipo iye adali mbali ya atsamundawo.

Kunkhondo wojambula sauza dzuwa kuti lidikire, sauzanso munthu wogwa ndi chipolopolo kuti abwereze. Amajambula ndi kuwala komwe wakupeza, msanga, atanyamula yekha zida zake. Luso limeneli ndi lomwe Coutard adabwerera nalo kwawo, ngakhale pa nthawiyo palibe ankaliwerengera m'makampani a kanema.

Ku Indochina komweko adadziwana ndi Pierre Schoendoerffer, wojambula kanema wa gulu lankhondo yemwe adagwidwa ukaidi pa nkhondo ya Dien Bien Phu mu 1954. Mnzakeyu ndiye adamuitana mu 1956 kuti apite ku Afghanistan kukajambula filimu ya La Passe du diable. Coutard adali asanayendetsepo kamera ya kanema, ndipo iye mwini ankafotokoza pambuyo pake kuti adavomera poganiza kuti akukajambula zithunzi wamba za ochita sewero. Ku France masiku amenewo munthu sankangodzuka n'kukhala mkulu wa kamera. Ankayamba ngati wothandizira wamng'ono, n'kumakwera pang'onopang'ono kwa zaka zambiri pansi pa akuluakulu omwe ankajambulira m'masitudiyo odzaza ndi magetsi akuluakulu. Coutard adalowera pawindo. Koma paja akuluakulu adati mlendo ndiye amadza ndi kalumo kakuthwa.

Kalumoko kadaoneka mu 1959. Mkulu yemwe adapereka ndalama za filimu ya ku Afghanistan ija, Georges de Beauregard, adavomera kuthandiza mnyamata wina wolemba ndemanga za mafilimu, Jean-Luc Godard, kuti apange filimu yake yoyamba yaitali, À bout de souffle, yomwe m'Chingerezi imatchedwa Breathless. Ndalama zidali zochepa kwambiri poyerekeza ndi mafilimu ena a nthawiyo. Godard adali ndi wojambula wake m'maganizo, koma mwini ndalama adati atenge Coutard, ndipo zidatero. Godard ankafuna kuti filimuyo ijambulidwe ngati mmene mtolankhani amajambulira nkhani ya pamsewu: popanda magetsi owonjezera, popanda njanji zoyendetsapo kamera, anthu odutsa asadziwe kuti pali sewero.

Kulankhula n'kosavuta, koma wina adayenera kupeza njira yochitira zimenezi. Filimu yoika m'kamera za kanema pa nthawiyo inkafuna kuwala kwambiri, moti usiku popanda magetsi a m'situdiyo sikanatulutsa kanthu. Coutard ankadziwa filimu ina ya kampani ya Ilford, yotchedwa HPS, yomwe ojambula zithunzi wamba ankagwiritsa ntchito mumdima. Vuto lidali loti inkagulitsidwa m'timipukutu tatifupi ta mamita 17 ndi theka, pomwe kamera ya kanema imadya mamita ambirimbiri m'mphindi zochepa. Adalumikiza timipukututo mpaka kupanga mipukutu yaitali ya mamita 120. Atatero adapeza kuti tizibowo ta m'mphepete mwa filimuyo tikugwirizana bwino ndi kamera imodzi yopepuka, Caméflex ya kampani ya Éclair, yomwe ankatha kuinyamula paphewa. Kamerayo inali yaphokoso zedi, kotero mawu a ochita sewero adachita kujambulidwa padera pambuyo pake, ndipo phokosolo lidapatsa Godard mpata womauza Jean-Paul Belmondo ndi Jean Seberg zonena kamera ikuyenda. Potsuka filimuyo, adapempha kampani yotsuka kuti iisunge m'mankhwala nthawi yotalikirapo kuti mphamvu yake yogwira kuwala iwirikize kawiri. Mnyamata uja adalephera fizi ya chemistry, koma nzeru za mankhwala sizidamuchoke.

Za njanji zidatheka mwanjira ina. Coutard ankakhala pa njinga ya olumala atagwira kamera, Godard n'kumamukankha. Pojambula mumsewu wotchuka wa Champs-Élysées, adalowa m'ngolo yonyamulira makalata ya ku positi ofesi yomwe adaiboola kabowo ka diso la kamera, kuti anthu azingodutsa osadziwa kanthu. Bambo wamkulu ndithu, wakale kunkhondo, atadzipinda m'bokosi la makalata. Ntchito yonse idatha pakati pa mwezi wa August ndi September 1959. Filimuyo itatuluka mu March 1960, anthu oposa 2 miliyoni adakaionera ku France kokha, Godard adalandira mphotho ku Berlin, ndipo achinyamata opanga mafilimu m'mayiko ambiri adazindikira kuti situdiyo si khomo lokhalo lolowera.

M'mafilimu otsatira Coutard adakhazikitsanso njira ina yomwe lero ojambula ambiri amaiona ngati yachibadwa. M'malo moloza magetsi pankhope za anthu, ankaloza mababu kusiling'i kapena kukhoma loyera kuti kuwala kubwerere kofewa, kofanana ndi kwa masana, m'chipinda chonse. Zikatero ochita sewero ankayenda momasuka, kamera n'kumawatsata mbali iliyonse popanda kuima maola ambiri kusuntha nyali. Pakutha pa 1962 n'kuti atajambula kale Tirez sur le pianiste ndi Jules et Jim za François Truffaut, Lola ya Jacques Demy ndi Vivre sa vie ya Godard. Gulu la achinyamatawa ndi lomwe limatchedwa Nouvelle Vague, kutanthauza funde latsopano. Mayina a otsogolera ake ndi omwe adamveka, koma maonekedwe omwe anthu amawazindikira nawo mafilimuwa adachokera kwambiri m'manja mwa munthu mmodzi.

Apa pali msampha womwe wakola achinyamata ambiri okhala ndi foni ya kamera m'thumba. Akamva nkhani ya njinga ya olumala ndi ngolo ya makalata, amaganiza kuti umphawi wa zida pawokha ndi luso, kuti kamera ikamagwedezeka ndiye kuti filimu yaoneka yamoyo. Si choncho ayi. Coutard adasiya magetsi chifukwa ankadziwa bwino lomwe zomwe kuwala kumachita pa filimu, ndipo chilichonse chooneka ngati changozi adali atachiyesa kale. Atapatsidwa zida zazikulu adazigwiranso mwaukatswiri. Mu 1963 adajambula Le Mépris ku Rome ndi pachilumba cha Capri, filimu yamitundu yowala, ya chithunzi chotambalala, momwe mudali Brigitte Bardot. Mu 1967, mu filimu ya Week-end, kamera yake idayenda panjanji kwa mphindi zoposa 7 m'mbali mwa mdipiti wa galimoto zomwe zidatsekeredwa pamsewu wakumudzi, mpaka kufika pa mitembo ya anthu omwe ngozi yawo idayambitsa mdipitiwo. Ntchito yotere sichitika ndi mwayi. Kuona maso a nkhono n'kudekha.

Le Mépris ili ndi chinthu china choyenera kutchulidwa pano. Mayina a omwe adapanga filimuyi sadalembedwe kumapeto, akuchita kutchulidwa ndi mawu kumayambiriro. Pomwe mawuwo akumveka, pakanema pakuoneka Coutard mwini atakhala kuseri kwa chikamera chachikulu chikuyenda panjanji, akuyandikira pang'onopang'ono, kenaka akutembenuza diso la kameralo n'kuliloza kwa oonera. Ndi filimu imodzi mwa zochepa zomwe woonera sangadumphe wogwira kamera ngakhale atafuna.

Mafilimu a zochitika zenizeni, omwe ambiri amawadziwa kuti madokyumentale, sadawasiye. Adali mmodzi mwa ojambula anayi a Chronique d'un été, yomwe Jean Rouch ndi Edgar Morin adapanga mu 1960 pofunsa anthu wamba a ku Paris ngati ali osangalala, nkhondo ya ku Algeria ili mkati ndipo Congo itangolandira kumene ufulu. Mu 1967 adapita ku Ireland kukajambula Rocky Road to Dublin ya mtolankhani Peter Lennon, yomwe idafunsa mafunso olimba okhudza mphamvu za mpingo m'dzikolo ndi kuletsedwa kwa mabuku. Idaonetsedwa ku Cannes mu 1968, koma kwawo ku Ireland idakhala zaka zambiri anthu ochuluka asakuiona.

Maboma okha ndi omwe sadaderepo kamera. Le Petit Soldat, yomwe Coutard adajambula ku Geneva mu 1960, idaletsedwa ku France mpaka 1963 chifukwa idaonetsa kuzunzidwa kwa anthu pa nkhani ya nkhondo ya ku Algeria. Filimu ya Z ya Costa-Gavras, ya mu 1969, ikufotokoza za kuphedwa kwa phungu wa ku Greece, Grigoris Lambrakis, mu 1963, ndi mmene akuluakulu a chitetezo adayesera kukwirira nkhaniyo. Ku Greece n'kuti asilikali atalanda boma mu 1967, choncho idakajambulidwira ku Algeria. Kamera ya Coutard ikulowa m'chipwirikiti cha anthu ngati ya mtolankhani yemwe wangopezekapo, ndipo chimenechi n'chomwe chidachititsa oonera kumva ngati ndi mboni za mlanduwo. Filimuyi idapambana mphotho ziwiri za Oscar.

Alipo omwe anganene kuti wogwira kamera ndi waganyu chabe: amajambula zomwe wauzidwa, ndipo ulemu ndi mlandu zonse n'za wotsogolera. Mfundoyi ili ndi kachoonadi kake. Coutard ndi Godard adagwirira limodzi mafilimu oposa 15 ngakhale pandale adali ngati mphaka ndi galu, wina msilikali wakale wokonda anzake a kunkhondo, winayo wotsamira ku chikomyunizimu. Itatha Week-end adasiyana, ndipo adadzakumananso mu 1982 pa filimu ya Passion. Zikuonetsa kuti mmisiri atha kumanga nyumba ya munthu yemwe sagwirizana naye. Koma mfundoyi ikutha mphamvu pofika pa mafilimu omwe Coutard adatsogolera yekha, pomwe padalibe wina womuuza koloza kamera. Awiri mwa mafilimuwa ndi oyenera kuikidwa pambali kuti aonedwe limodzi.

Yoyamba ndi Hoa-Binh ya mu 1970, dzina lomwe m'chiyankhulo cha ku Vietnam limatanthauza mtendere. Adaijambulira ku South Vietnam nkhondo ya Amereka ili mkati. Pa nthawi yomwe makamera a dziko lonse adali pa ndege, mabomba ndi asilikali, Coutard adatsitsa yake kufika pamsinkhu wa mwana. Nkhani yake ndi ya mnyamata wa zaka pafupifupi 11, Hung, yemwe bambo ake achoka kukalowa gulu la zigawenga za Viet Cong, mayi ake amwalira, ndipo watsala ndi mlongo wake wamng'ono m'misewu ya Saigon, akupolisha nsapato ndi kuchita timaganyu kuti apeze chakudya. Banja lililonse lomwe lidaonapo mwana akulera mwana mnzake lingaimve filimuyi popanda womasulira. Ili ndi zofooka zake, makamaka poti sikufunsa mokwanira kuti nkhondoyo adaibweretsa ndani, funso lomwe msilikali wakale wa atsamunda sakanalifunsa mosavuta. Komabe nkhope zomwe zadzaza kanema ndi za eni dziko, ndipo chisoni chomwe woonera akumva n'chawo. Idalandira mphotho ya Jean Vigo, ina ku Cannes ya filimu yoyamba ya wotsogolera, ndipo idafika pa mndandanda womaliza wa Oscar.

Yachiwiri idatuluka patatha zaka 10, ndipo nkhani yake idachitikira pafupi ndi kuno. Mu May 1978 zigawenga za FLNC, zochokera ku Angola, zidadutsira kumpoto chakumadzulo kwa Zambia n'kulanda tawuni ya migodi ya Kolwezi, m'chigawo cha Shaba m'dziko lomwe pa nthawiyo linkatchedwa Zaire pansi pa Mobutu Sese Seko. Pa 19 May asilikali a ku France a gulu la Légion étrangère adatera ndi maparachuti, a ku Belgium n'kutsatira, ndipo azungu oposa 2,000 adasamutsidwa. Pa zipolowezo padafa azungu oposa 100. Anthu akuda omwe adafa adali mazanamazana, ochuluka kuposa azunguwo kangapo. Mu 1980 Coutard adatulutsa La Légion saute sur Kolwezi, yochokera m'buku la Pierre Sergent, momwe mudali Bruno Cremer ndi Jacques Perrin. Mtima wa filimuyi uli pa asilikali odumpha m'ndege ndi pa mabanja a azungu omwe akudikira chipulumutso. Anthu a ku Kolwezi, omwe tawuniyo idali kwawo ndipo adalibe ndege yowatengera kwina, sali pakati pa nkhani.

Mantha a mabanja a azungu aja adali enieni, ndipo imfa zawo si zochepetsa. Funso ndi loti munthu yemweyo yemwe ku Saigon adadziwa kugwada kuti kamera ifanane ndi maso a mwana wopolisha nsapato, bwanji ku Kolwezi sadagwade? Luso lidalipo lonse, silidachepe ngakhale pang'ono. Zaka ziwiri m'mbuyomo, mu 1978, n'kuti atalandira mphotho ya César chifukwa cha zithunzi za panyanja yozizira za mu Le Crabe-Tambour ya mnzake Schoendoerffer. Chomwe chidasiyana ndi anthu omwe ankawadziwa. Ku Indochina adakhalako zaka zambiri, adadya nawo, adajambula mitundu ya anthu a m'mapiri pa nthawi yomwe sadali pantchito ya nkhondo, zithunzi zomwe zidadzatuluka m'buku la Le Même Soleil mu 2010. Ku Kolwezi anthu omwe ankawadziwa adali asilikali okha. Kamera idatsata komwe mtima wa mwini wake udazolowera.

Nkhaniyi ikukhudza oonera chifukwa mafilimu otere ndi omwe amasanduka mbiri m'mitu ya anthu. Mwana wa ku Lyon yemwe adaonera filimu ya Kolwezi adakula akudziwa kuti kudali tawuni ina ku Africa komwe asilikali a kwawo adapulumutsa anthu. Za mayi wogulitsa pamsika wa tawuniyo, kapena wogwira ntchito mumgodi yemwe adakwirira ana ake sabata imeneyo, palibe adamuonetsa. Kolwezi yemweyo lero ndi likulu la migodi ya cobalt, mwala womwe umalowa m'mabatire a mafoni ambiri, kuphatikizapo omwe achinyamata akujambulira maukwati, maliro ndi misonkhano m'matawuni a kuno. Aliyense wa iwo akakweza foni pamaliro a mfumu kapena pamsonkhano wa chipani amasankha, monga ankasankhira Coutard, yemwe alowe m'chithunzi ndi yemwe atsale kunja. Makolo omwe amati ntchito ya kamera ndi masewera a ana osowa zochita akulakwitsa mofanana ndi oonera omwe amadzuka mayina asanathe: onse akuiona ngati ntchito yopanda mwini woti afunsidwe.

Coutard sadapume msanga. Adajambula Prénom Carmen ya Godard yomwe idapambana mphotho yaikulu ku Venice mu 1983, ndipo bungwe la ojambula mafilimu ku America lidamupatsa ulemu wapadera mu 1997. Atakalamba adabwerera ku mafilimu a ndalama zochepa ndi Philippe Garrel, ndipo yomaliza yake, Sauvage Innocence ya mu 2001, adaijambula yopanda mitundu, yakuda ndi yoyera, ngati ija ya mu 1959. Adalemba buku la mbiri ya moyo wake lomwe lidatuluka mu 2007. Adamwalira pa 8 November 2016 ku Labenne, kufupi ndi Bayonne, ali ndi zaka 92. Mbiri yake ikamakambidwa, njinga ya olumala ndi ngolo ya makalata ndi zomwe zimakhala patsogolo, Hoa-Binh imatchulidwa mwachidule, ndipo Kolwezi nthawi zambiri imangodutsa pamzere umodzi.